Malowolo a Mwezi Wamawa

Aba,
9 Novembala 2022

Okondedwa achimwene Ugonna,

Ndikhulupirira kuti muli bwino ku Doha kumeneko ndipo ntchito ikuyenda. Ndasankha kulemba chifukwa pa foni mumandidula ndisanafike ndi pakati pomwe, ati abwana akuyang'ana. Kalata simungaidule. Khalani pansi muwerenge, ndipo suti ija munkati mudzavale pa ukwati wanga musagule, chifukwa ukwatiwo waima. Wauimitsa si Ekene, si ine, si boma. Auimitsa ndi makolo anu, amene ndangodziwa kumene kuti sanakwatirane.

Mukudziwa mmene ine ndi Ekene tavutikira. Munthu kuti atchedwe wapabanja ayenera kukwatiwa katatu, kumudzi, kuboma ndi kutchalitchi, ndipo konseko amafuna ulowe dzanja lili m'thumba. Kuboma anafuna zithunzi, kalata yakubadwa, ndi kalata yolumbira kuti sindinakwatiwepo, ngati kuti ndikanakhala ndi mwamuna wina ndikanabwera kudzapsa ndi dzuwa pamzere. Zithunzi zoyamba anazikana, ati khutu la Ekene silikuoneka. Tinakajambulitsanso, khutu linaoneka. Kenaka anamata mayina athu pabolodi kuti wotsutsa adzatsutse, koma sanabwere munthu. Mayi wa mu ofesimo anatichenjeza kuti tikwatirane miyezi itatu isanathe, apo ayi zonse ziyambirenso, ndi kulipira komwe. Abusa nawo anati iwo sadalitsa ukwati umene kumudzi sanaulandire. Choncho zonse zinatsamira pa tsiku la malowolo.

Ekene ndi wokonza mafiriji, si mwini banki. Anagulitsa njinga yake yamoto kuti apeze mbuzi ziwiri, zilazi, mpunga, mchere, nsalu za azakhali onse ndi zigubu za uchema. Anagula ngakhale fodya wa anthu amene anasiya kusuta kalekale.

Tsikulo linakwana. A kwa Ekene anafika kumudzi kwa bambo ndi lole yodzaza. Bambo anavala malaya awo aja a mitu ya mikango, nanyema mtedza wa kola wolandirira alendo, napemphera pemphero lalitali moti uchema unayamba kuwawasa. Atatambasula dzanja kuti alandire malowolo, amalume a Okorie, achimwene awo a amayi, anaimirira.

"Alamu, dzanjalo libwezeni."

Bambo anaseka poyesa ndi nthabwala za pachilamu.

"Mukulandira za mwana wa yani?" anatero amalume.

"Wanga, nanga wa yani?"

"Amayi ake munawalowola liti? Munabwera kwathu ndi chigubu chimodzi kudzagogoda. Malemu bambo athu anakutsegulirani. Munanena nokha kuti, ndibwera mwezi wamawa kudzamaliza. Mwezi umenewo sunaonekebe, alamu. Nkhuku ngati sunagule, anapiye ndi a mwini nkhuku."

Achimwene, awa ndi amalume omwe aja amene amadya Khirisimasi kwathu chaka ndi chaka, nanyamula ndi mpunga wotsala womwe. Zaka zoposa makumi atatu akutafuna nyama ya bambo, pakamwa pali potseka, nkudzatsegula pa tsiku langa. Nditawafunsa pambuyo pake anangoti nkhani ya malowolo imakumbidwa pamalowolo. Chondipsetsa mtima kwambiri nchoti akuluakulu a kwa bambo omwe anagwetsa nkhope pansi. Onse ankadziwa.

Amayi ake a Ekene anatola chikwama chawo nakonza duku. "Mukapeza mwini mwanayu mutiuze," anatero, "tidzabwera." Mbuzi zinakweranso lole ine ndikuona.

Kunyumba bambo anakalipa mpaka mawu kusasa. "Ana anayi, nyumba yamalata, matenda ndi njala tapirira limodzi, si ukwati umenewu?" Ine ndinangoti mumtima, Zengerezu adalinda kwawukwawu. Amayi anangokhala pakhonde nkumadula masamba a maungu.

Ndinaona kuti ndikadikira akuluakulu ndikalambira pakhomo, ndiye ndinaimanga ndekha nkhaniyo. Ndinapita kwa amalume, ndinagwada, ndinalira, mpaka anavomera kuti bambo abweretse zochepa, mwambo ungochitika. Ndalama za diresi langa zinagula zilazi. Ndalama zija munatumiza za holo zinagula mbuzi ya ukwati wa amayi anu. Mukwiye mukamaliza kuwerenga. Amayi ndinawagulira nsalu, ndinawauza kuti tsiku ndi Loweruka, galimoto inyamuka m'mawa. Anangoti, "Chabwino."

Loweruka anthu anadzaza pabwalo la kwa amalume, ambiri obwerera kudzaseka. Bambo anabisala pakati pa amuna monga mwa mwambo, ngakhale mimba inkawaulula. Amalume anathira uchema m'chikho napatsa amayi. "Mlongo, pita ukationetse mwamuna wako." Amayi ananyamuka, atatchena moti sindinawaonepo chotero. Anyamata ankawaitana uku ndi uku, "Kuno, amayi, ine ndine mbeta!" Iwo ankamwetulira, akuvina pang'onopang'ono, mpaka anakaima pamaso pa bambo. Chimene chinatsala nchoti agwade, alawe, apereke chikho, basi. Bambo anali atatambasula kale dzanja.

Amayi anawayang'ana nthawi yaitali. Kenaka anatembenuka, nabwerera, naika chikho pamapazi pa amalume osatayako ndi dontho lomwe.

"Achimwene, mundisungire," anatero. "Ndibwera mwezi wamawa."

Dzanja la bambo linatsala m'malere, kachiwiri m'mwezi umodzi.

Ndinawatsata kuseri kwa khitchini nditakwiya.

"Amayi, mwandipha. Masiku a kuboma akutha."

"Boma silitha, mwanawe."

"Ndiye kuti bambo simukuwafuna?"

"Wanena ndani? Mwina ndikuwafuna. Koma funso limenelo ndikulimva lero, kuseri kwa khitchini, kwa mwana wokwiya. Bambo ako sanandifunse. Amalume ako anafunsa za mbuzi. Iwe unandiuza tsiku ndi nsalu yovala."

"Koma amayi, zaka zonsezi..."

"Zaka zonsezi, eya. Pa maliro a agogo ako ndinaphikira mudzi wonse, koma pokhala akazi a pabanja anandikhazika kumbuyo, ati ndine wobwereka. Bambo ako anamva, nayang'ana kumbali. Ndikanafa chaka chatha, mtembo wanga ukanagona panja anthu akukangana kuti ndikaikidwa kuti. Lero abwera chifukwa cha iwe, Olachi. Ine ndikudikira tsiku limene adzabwere chifukwa cha ine."

Mawu amenewo anandikwiyitsa koposa. Ndimawamvera chisoni amayi, achimwene, koma nanga anasowa tsiku lina m'zaka makumi atatu? Anakana kukwera galimoto yobwerera kunyumba. Mpaka lero ali kwa amalume, akugona m'chipinda chimene ankagona ali mtsikana.

Tsopano pali china chimene sindinauze munthu, ndipo musakachifikitse kwa bambo. Ekene atamva zonsezi anandigwira dzanja nati, "Olachi, tatopa. Tiye tingosaina kuboma masiku asanathe, usamukire kwanga. Zakumudzi tidzamaliza mwezi wamawa." Ananena ndi mtima woyera, iye mwini osadzimva. Ine ndinamva, komabe ndinavomera. Ndinanyamula sutikesi yanga nkukaisiya kwake. Inakhala kumeneko sabata yathunthu. Ine sindinagoneko, kaya mukhulupirira kaya ayi, izo ndi zanu.

Tsiku loti tikasaine litayandikira ndinapita kukakonza m'nyumbamo. Kuseri ndinapeza mbuzi imodzi yokha.

"Inayo ili kuti?" ndinamufunsa Ekene.

"Ndagulitsa, imadya kwambiri. Tidzagula ina nthawi ikakwana."

Pamoto panali mphika. Nditavundukula ndinapeza zilazi, zomwe zija za malowolo anga, amayi ake ataphika kuti zingawole. Ekene anandipatsa mbale kuti ndidye nawo. Ndinaima pamenepo mbale ili m'manja, ndikuona amayi athu akudula masamba pakhonde, ndipo ndinadziwa mmene mwezi wamawa umayambira. Suyamba ndi munthu woipa ayi. Bambo si munthu woipa. Ndinaika mbale pansi, ndinaitana wakabaza, sutikesi pamwendo, ulendo wa kunyumba. Ekene ananditsata mpaka pamsewu akuti, "Ndalakwa chiyani? Ndagulitsa njinga chifukwa cha iwe!" Akunena zoona, ndipo nchifukwa chake ndikulephera kugona.

Dzulo ndinadutsa kuboma kuja. Mayina athu awachotsa pabolodi, pamalo pake amata a anthu ena. Mayi uja anati tikafuna tiyambirenso, ndipo zithunzi zikhale zatsopano. Ndikumvanso kuti amayi ake a Ekene ayamba kutamanda mphunzitsi wina wa kutchalitchi kwawo, ati makolo ake ndi odziwika bwino. Ndimamukonda Ekene, achimwene. Ndikuopa kuti sadikira.

Pempho langa ndi limodzi. Musatumize ndalama, mubwere nokha pa Khirisimasi. Inu ndinu mwana woyamba, ndipo nkhuku ija ya amalume anapiye ake ndinu nomwe, musayese kuti ndi nkhani ya ine ndekha. Koma musadzapite kukawakakamiza amayi monga ndinachitira ine. Mudzangowathandiza bambo kunyamula chigubu, msana wayamba kuwavuta.

Bambo akupereka moni. Apsereza kale miphika iwiri ndipo sakudziwabe pamene pamakhala mchere. Loweruka lililonse amameta ndevu, navala malaya oyera, nakwera basi okha ndi uchema wawo, popanda wowatuma. Amayi amawapatsa mpando pansi pa mtengo wa lalanje ngati mlendo, nawafunsa za ulendo. Sabata yatha bambo anabwera akumwetulira, ati amayi anawaperekeza mpaka pamsewu. Ndinafuna kuwagenda ndi chikho, komanso ndinafuna kulira. Amayi nawo akuti moni, akuti ndikuuzeni kuti anenepa. Ang'ono anu awiri ali bwino, akungoseka ngati kuti tsiku lawo silidzafika. Ekene akanakupatsani moni, amakulemekezani kwambiri, koma chitengereni sutikesi ija sanandiimbirepo. Mbuzi yotsala ija akuti ikadalipo, sanaigulitse. Ndimafunsa kwa oyandikana naye tsiku lililonse.

Mulungu akusungeni mpaka tidzaonane. Dzina lachiwiri sindilemba, ndikudikira amayi apereke chikho kuti ndidziwe loti ndilembe.

Ndine mlongo wanu,
Olachi