Makanema a ku zimbowera andiyika pamaso pa ankhoswe

Aphungu,

Ndine msodzi pa Chilwa, ndipo ndimatha miyezi iwiri m'zimbowera, timisasa toyandama panyanja, osaponda kumtunda. Kumeneko mnzanga Makisoni ali ndi memoli khadi yodzaza makanema olaula, osanjidwa m'mafoda ngati katundu wa m'golosale. Muli foda ya za mu situdiyo, za magetsi owala ndi anthu odzoladzola. Zimenezo ndinkadziwa kuti n'zosewera. Koma muli ina imene iye amaitcha zapakhomo: kamera yogwedera, chipinda wamba, chitenje pawindo. Makisoni anati, "Izi ndiye zenizeni, achimwene. M'mabanja mwa anzathu mumachitika zimenezi."

Ndinakhulupirira. Nditabwerera kumudzi ndinayamba kuona ngati mkazi wanga Veronica, amene takhala naye zaka khumi, amandimana zinazake. Tsiku lina ndinamuuza kuti ali ngati chipika, akazi anzake satero. Iye anangofunsa kuti, "Akazi anzangawo ndi ati, bambo a Limbani?"

Tsopano akuganiza kuti ndili ndi chibwenzi kudoko, ndipo wakadandaula kwa ankhoswe. Loweruka tikukhala pansi ndi malume ake, a Jafeti, mkulu wa mpingo. Ine pamudzipo ndine mkamwini. Ndikanena zoona, nkhope ndidzayiika pati? Ndikakhala chete, chibwenzi choti kulibe chindithetsera banja. Manyazi andigwira.

F.M., Mwambo, Zomba

A F.M.,

Msodzi wathunthu, mwameza nyambo ndi mbedza yomwe. Zapakhomo ndi dzina la malonda chabe. Ambiri mwa makanema amenewo amachita kuwakonza kuti aoneke osakonza. Ochitawo ali pa ganyu, amabwereza kangapo, wina n'kudula n'kulumikiza, ndipo kugwedera kwa kamerako n'kwadala. Ena ndi a m'nyumba za anthudi, koma anatuluka eniake asakudziwa, ndiye mumaonera misozi ya munthu.

Musadikire Loweruka. Lero lomwe khalani pansi ndi Veronica muli awiri, mumuuze kumene mawu aja anachokera, ndipo mupepese za chipikazo mosazungulira. Mwina akwiya, msiyeni akwiye. Kwa ankhoswe simukufunika kutchula mafoda. Mukangoti, "Chibwenzi ndilibe. Ndinaonera zolaula, ndinanyoza mkazi wanga, ndinalakwa." A Jafeti anamvapo zoposa zimenezi.

Za kuchipinda zidzabwera pambuyo, mtima wake ukatsika. Mudzamufunse iyeyo chimene amakonda, chifukwa m'kalata yanu yonseyi sindinaone pamene munamufunsapo. Mukabwerera kunyanja, foni ya Makisoni ikayaka, inu kasokeni ukonde.

Koma chenjerani, manyazi anapha lambe. Mukakhala duu Loweruka, mudzanyamula chikwama pamudzipo, kusiya Limbani akukuyang'anani, chifukwa cha akazi amene sakudziwa n'komwe kuti ku Chilwa kuli munthu wotchedwa F.M.