Munda wa Amayi Pakhoma la Sitolo

Lachinayi, mwezi wa Okutobala. Kwatentha, koma mtima wanga uli mbee.

Lero ndamaliza kujambula phiri la Ndirande pakhoma la sitolo ya Mmwenye ku Limbe. Iye anandichenjeza kuti anthu akapanda kukonda chithunzicho, apakapo njereza.

Masana amayi ena ogulitsa nthochi anatula dengu n'kuyang'anitsitsa khomalo.

"Amisiri, si phiri lakwathu ili? Nanga munda wanga mwausiyiranji?"

Analoza pamene uli, ine n'kudonthezapo utoto wobiriwira. Anaimba nthungululu mpaka anthu anadzaza pakhonde, aliyense akufuna munda wake uoneke.

Mmwenye uja wasangalala, wandipatsanso khoma lakumbuyo. Koma utoto wobiriwira wandithera, ndipo amayi aja akuti mawa abwera ndi mudzi wonse.