Derrick Sindimusiya

Okondedwa Azakhali,

Ndikhulupirira muli bwino ku Mchinjiko. Kuno ku Dubai tilipo, kutentha kokhaku.

Uthenga wa amalume ndaumva, woti bwenzi langa Derrick ndi mlendo poti kwawo n'ku Chipata. Kumene ndimagwira ntchito, bwana ndi a ku Denmark, madamu ndi Mngelezi. Dzulo pakudya madamu ankawaseka bwana: "Makolo anu ankabwera pa ngalawa kudzawotcha midzi yathu." Bwana anati, "Eya, kenako anakhazikika konko n'kukwatira." Ine ndikulera ana awo awiri. Nanga Derrick, wolankhula ngati ife, anawotcha mudzi wa yani?

Muwauze amalume kuti khalas, monga amanenera kuno, nkhani yatha, sindimusiya. Ndipo za ukwatizo zifulumire, Azakhali, chifukwa yunifolomu yayamba kundithina. Amayi musawauze kaye.

Ndine mwana wanu,
Selinah