Mapeto a filimu sindinawaone

Masiphumelele, Cape Town

Okondeka alamu anga a Bridget,

Ndikhulupirira muli bwino ndi ana ku Thyoloko. Kuno tilipo, Tiyamike wayamba kukwawa.

Alamu, ndikulemba ndi mantha. Achimwene anu a Philip asintha. Kuntchito akupitabe, malaya akusita okha, ndiye anthu sakuona kanthu. Koma m'nyumba aphimba galasi ndi chitenje, wailesi aivundikira ndi ndowa, ati ikumawatchula dzina.

Ine ndinkadziwa kuti wamisala ndi uja wa m'mafilimu akwathu, wansanza, wotola m'bini. Koma dzana ndikukolopa kwa madamu, pa TV panali filimu ya bambo wa tayi, waukhondo, akumva mawu ngati a Philip. Kenaka anakaima pabedi la mwana wake. Nthawi ya takisi inakwana, mapeto sindinawaone.

Dzulo ndinawapeza atamukumbatira Tiyamike, akuuza khoma kuti, "Ayi, uyu yekha musiyeni."

Anandiuzapo kuti kwanuko ankamwa timapilisi, anasiya atawapempherera. Dzina la timapilisito ndi chiyani? Chonde funsani amayi msanga, ndikanene kukiliniki. Panopa mwana ndikumapita naye kuntchito, kumsana sindikumutsitsa.

Ndine mlamu wanu,
Maness