Ndime Yomwe Ndinavomera Osayankhula

Lolemba, 9 Malichi

Tafika. Ine ndi Abwana basi, awiriwiri kuimira dziko lonse pamsonkhano wa zamalonda wa mayiko oyandikana nafe. Ndi ulendo wanga woyamba chilowereni ku unduna. Sananditsimikizebe pantchito, ndipo wodzasaina kumapeto kwa mwezi ndi Abwana omwewa. N'chifukwa chake chikwama chawo ndanyamula ine, ndikumwetulira.

Ku ofesi amanditcha Aprofesa chifukwa digiri yanga ndinalemba za mgwirizano wa mayiko a m'chigawo chimodzi. Panjira ndinati ndiwagawireko Abwana. Akatswiri ena amati mayiko ayambe kugwirizana pa tinthu ting'onoting'ono, misewu, magetsi, za kasitomu pamalire, kenako mgwirizanowo umasefukira wokha mpaka ku ndale. Ena amati bodza, boma lililonse limalowa m'gulu likusisita mimba yake. Ine ndili kumbali ya osefukirawo, ndi mtima wonse. Pomwe ndimamaliza n'kuti Abwana atagona kalekale, kukamwa kuli yasa.

Lachiwiri, 10 Malichi

Tsiku lonse malonje. Nthumwi iliyonse yatikumbutsa kuti mutu umodzi susenza denga, koma denga lake sindinalione.

Pano savota. Wapampando, bambo wachikulire wa mawu otopa, amawerenga ndime n'kufunsa ngati pali wotsutsa. Wofuna kuyankhula amaimika kathabwa kolembedwa dzina la dziko lake. Akasowa woimika, kanyundo gu! ndiye kuti onse avomera. Ndime zomwe sanagwirizane amazitsekera m'mabulaketi, ndipo zina zakalambira momwemo.

Ina mwa izo ndi ndime 14: amalonda ang'onoang'ono azisechedwa kamodzi kokha powoloka malire, osati uku ndi uku. Mtima unathamangira kwa mlongo wanga, amene amagona pa boda atatsamira mitolo yake ya nsalu kudikira mzere wachiwiri. Ndi dziko liti lopanda chisoni limakana zimenezi? Fayilo yathu ili m'chikwama cha Abwana, ndiiwerenga ndikapeza mpata.

Lachitatu, 11 Malichi

Mayo ine.

Titamwa tiyi Abwana anandikokera pambali. Akuti apite m'tauni akafune nsapato za mayi akunyumba. "Khala pampando wangapa. Usayankhule kanthu, wamva? Olo kutsokomola."

Ndinakhala. Mpando wofewa bwanji! Kathabwa ka dziko patsogolo panga, madzi a m'botolo angaanga. Ndinakhwimitsa nkhope ngati munthu woganiza zozama.

Wapampando anafika pa ndime 14. Atafunsa ngati pali wotsutsa, holo yonse inatembenukira kwa ine. Ndinayesa akusirira taye. Anafunsanso, akundiyang'ana pamwamba pa magalasi. Ine duu, monga anandilamulira. Kanyundo gu! Anthu m'manja, ena mpaka kuimirira.

Mayi wina wa imvi, nthumwi ya dziko la kumpoto kwathu, anabwera kudzandigwira chanza ndi manja awiri. "Mwana wanga, ndime iyi ndinayamba kuimenyera tsitsi langa lili lakuda. Chaka chilichonse okana ndinu. Lero mwatipeputsa."

Okana ndife! Koma posakhalitsa mantha anasanduka matama, ndimadzidziwa ine. Si kusefukira kuja kumeneku? Madzulo ndinaimbira mlongo wanga. "Achemwali, zogona pa boda zatha. Ndakonza ine." Anakuwa mpaka foni kunjenjemera.

Abwana abwera ndi mabokosi awiri a nsapato, osangalala. Sindinafune kuwasokonezera.

Lachinayi, 12 Malichi

Abwana amva pa chakudya cham'mawa, kwa nthumwi ina yomwe inabwera kudzawathokoza. Supuni inaima m'malere. Anamwetulira, anathokozanso, kenako kwa ine: "Tiye kuchipinda."

"Ndinakuuza chiyani?"

"Munati ndisayankhule, bwana."

"Nanga pano munthu akakhala chete ndiye kuti wati chiyani? Iwe si Profesa iwe?"

Akuti a kasitomu kwathu sakuifuna ndimeyi, nduna sinavomereze, ndipo ife tinatumidwa kudzachita chinthu chimodzi chokha: kuimika kathabwa pa ndime 14. Chimodzi chokhacho. "Nkhuyu zodya mwana zipota akulu. Ukudziwa amene akayankhe kwa nduna?"

Pamenepo ndikanangopepesa. Koma pakamwa panga, pomwe dzulo panali potseka, lero panatseguka. Ndinayamba kufotokoza kuti tinthu ting'onoting'ono ngati timeneti n'timene timasefukira. Anandidula. "Chomwe chisefukire ndiwe, kusefukira kunja kwa geti."

Mawa akuvomereza lipoti lonse la msonkhano. Abwana akuti ndikaimike kathabwa ndekha, ndipemphe kuti ndime 14 ibwerere m'mabulaketi. Ndekha, chifukwa iwo sangadzichotsere ulemu. Ndikakana, za kumapeto kwa mwezi ndiiwale.

Masana ndadzitsekera m'bafa kuyeserera pagalasi. Mawu okana ndawakonza bwino kwambiri: "Bwana, chikumbumtima changa sichikundilola." Ndawanena kangapo, dzanja pachifuwa, mpaka ndinadzimvera chisoni ndekha. Enawo, a mabulaketi, ndangoyesa kamodzi, poti mwina.

Lachisanu, 13 Malichi

Chikumbumtima chija chatsalira m'bafa.

Kathabwa kanandilemera ngati chitseko, koma ndinakaimika. Maikolofoni inayaka. Ndinamva mawu anga akuti dziko lathu likufunika nthawi yokafunsa kwathu. Palibe anakwiya, ndipo n'zimene zandipweteka koposa. Wapampando anangopumira m'mwamba, mlembi n'kubwezera mabulaketi ngati munthu wotseka zenera mvula ikamabwera. Zikuoneka kuti amayembekezera kale.

Mayi wa imvi uja tinakumana pakhomo. Ndinayamba, "Amayi, nkhani yake..." Anandikonza kolala ya jekete, yomwe inali itapindika, n'kunena kuti chaka chamawa akupuma pantchito. Anapita.

Ndachita manyazi osaneneka. Chakudya chamasana ndadya ndithu, mbale ziwiri.

Loweruka, 14 Malichi

M'galimoto kubwerera. Mabokosi a nsapato pamiyendo panga. Ndakhala ndikuganiza kuti akatswiri a mimba aja mwina sananame, kungoti sindinkadziwa kuti mimba yake ikhala yangayi.

Titangodutsa boda, ife osasechedwa n'komwe chifukwa cha nambala ya boma, foni inalira. Mlongo wanga. Abwana ali pambali panga, maso otseka.

"Achimwene! Ndawauza amayi onse amene timayenda nawo. Ena sakukhulupirira, ndawauza kuti mchimwene wanga sanama, ndi wophunzira. Tiyamba liti, mwezi uno?"

Kunja kwa zenera mzere wa anthu ndi mitolo yawo unali utafika mpaka pamtengo wina chapatali uko.

"Zikukambidwabe, achemwali. Nkhani zoterezi zimafuna nthawi."

Anangoti, "Chabwino, achimwene," n'kudula.

Abwana sanatsegule maso. Anangotambasula dzanja n'kundisisita paphewa.

"Eya. Wayamba kuidziwa ntchito."