Pa Chingwe Chomalizira, Bambo Stanislaus

Stanislaus Jose Alfazema wa ku Ruda, anatisiya pa 8 Malichi 1991

Lero zakwana zaka zitatu chitisiyireni, bambo, koma ife tikadali kakasi. Munthu wosagonapo m'chipatala, wokwera phiri ndi dengu la tiyi kumsana uku mukuimba, munachoka bwanji dzuwa likuswa mtengo, anthu akuwomba m'manja?

Pa tsiku la masewera kusukulu, mwana wanu Maidei, amene poliyo inamupha mwendo, ankamukhazika pansi pa mtengo ndi anzake olumala kuti azilondera nsapato ndi majuzi a othamanga. Zimenezi zinkakuwawani. Munkati inu simunabereke mlonda, ndipo munawakakamira ahedi ngati nkhupakupa mpaka anavomera mpikisano wa ana oyendera ndodo. Kunsi kwa ndodo zake munakhomerako zidutswa za tayala la thirakitala kuti zisamaterere pa udzu wonyowa wa kuno ku Honde. Mukaweruka munkathamanga naye m'kanjira ka pakati pa tiyi, n'kumadzigwetsa dala kuti aseke, aleke kuopa kugwa.

Tsiku la mpikisano tonse mitima inali m'mwamba kuti Maidei agwa. Sanagwe. Inu munali pa chingwe chomalizira, mukumuchemerera m'Chinyanja ndi m'Chishona momwe, mpaka anafika wachiwiri. Munatambasula manja, kenako munagwa chafufumimba. Ife tinaseka, bambo. Maidei ndiye anaseka koposa, akukugwedezani ndi ndodo kuti mudzuke. Tinkayesa ndi masewera anu aja. Pokafika nanu ku kiliniki ku Hauna n'kuti mutapita kale.

Akazi anu Ana mpaka lero akamva wezulo ya kusukulu amalowa m'nyumba. Mwana wanu Loness amalira akaona chipewa chanu. Maidei sanapondenso pabwalo paja, amati anakuphani ndi iye, ndipo tayesa kumukaniza mawu amenewa koma talephera. Mwezi watha anamva kuti mpikisano wanu akufuna kuufafaniza poti ana a ndodo akuopa kulowa. Anangokapempha achimwene ake Fanwell kuti amusemere ndodo zazitali, poti zanu zija zinamuchepera. Mpikisanowo sanaufafanize, ndipo Maidei athamanga Lachisanu likudzali. Iye akuti sakuopa. Ife amiyendo iwiri ndi amene sitikudziwa ngati tikathe kuima pa chingwe paja.

Dzina lanu silidzachoka pakamwa pathu, bambo. Usani mumtendere.

Akazi anu Ana, ndi ana anu Fanwell, Loness ndi Maidei.