Tsiku Limene Chifuwa cha Amayi Chinakhala Chete

Ku Dispensale,
Esiteti ya Tiyi,
Thyolo.
16 Ogasiti, 1936.

Okondedwa Achemwali a Teleza,

Kalata yanu ya mu Juni inandipeza, pamodzi ndi duku lofiira limene munatumizira amayi. Ndachedwa kuyankha. Ndikanatha kunamizira ntchito, kapena nkhungu yozizira ya chiperoni imene yatikuta mwezi wathunthu, koma inu munandibereka kumsana, ndipo mukudziwa kuti ine ndikakhala chete ndiye kuti ndaswa chinthu. Tsono muwerenge kaye panokha musanawaonetse alamu anga a Goodson.

Munafunsa za chifuwa cha amayi. Ndi mphumu yomwe ija, koma yakula. Chichokereni inu kunka kumigodi ya malasha ku Wankie, amayi akugwira ntchito m'fakitale, m'chipinda chosefera tiyi. Inu munkathyola masamba kumunda, chipindacho simukuchidziwa. Tiyi akauma amamugwedeza pa masefa, ndipo azimayi amakhala pansi n'kumatola timitengo totsalira. Fumbi lake n'lofiirira, losalala ngati ufa wa mawere, ndipo likafika masana mnzako wa kukhoma linalo umamuona ngati ali m'nkhungu. Azimayi a mmenemo ali ndi nthabwala yawo. Amati azungu tiyi amamwa, ife timapuma. Akatero amaseka, kenaka amatsokomola.

Mu Epulo amayi anagwa pakhomo la fakitale. Anawabweretsa kuno pa chiguduli, milomo itada, chifuwa chikulira ngati ana amphaka otsekeredwa m'dengu. Ine mwana wawo wophunzira, amene anthu amandinyengerera ndi dzina lakuti adokotala ngakhale ntchito yanga ndi kumanga zilonda ndi kugawa kwinini, ndinali ndi mankhwala a chifuwa a madzi okha, amene ntchito yawo yaikulu ndi kuwawa.

Apa ndi pamene payambira mlandu wanga. M'kabati ya kuno muli shelefu ya pamwamba, ya mankhwala a azungu okha. Kiyi ndimasunga ndine, popeza pamafunika wopukuta fumbi. Pamenepo panali kabotolo ka mibulu yoyera yotchedwa efedrini, kamene dona wa bwana wamkulu anakasiya pobwerera kwawo. Nayenso anali ndi mphumu. Mphumu ilibe tsankho, kabati ndiyo ili nalo. Mibuluyi siichiza. Imangotsegula njira za mpweya m'chifuwa kwa maola anayi kapena asanu, munthu n'kumapuma ngati sanadwalepo, kupatula kuti manja amanjenjemera ndipo mtima umathamanga. Ndinatseka chitseko, ndinatenga m'bulu umodzi, ndinawamwetsa.

Lisanathe theka la ola anadzuka n'kukhala tsonga. Anapuma kawiri, katatu, akumvetsera ngati munthu amene wamva mlendo pabwalo. Kenaka anandiyang'ana nati, "Fabiano, kodi anthu enawa amapuma chonchi tsiku lililonse?"

Ndinayankha kuti inde.

"Ndiye n'chifukwa chake amalankhula kwambiri," anatero.

Kuyambira tsiku limenelo ndinkawapatsa m'bulu umodziumodzi chifuwa chikawagwira, ndipo m'botolomo ndinkaikamo asipirini kuti lizioneka lodzaza. Ndinawauza kuti asauze munthu. Sanafunse kumene ndinkaitenga. Anangoyang'ana kiyi wa pa lamba wanga.

Koma ndinkadziwa kuti botolo lili ndi pansi. Chofunika chinali kuwachotsa m'fumbimo. Kunazale, kumene amalera mbande za tiyi, kuli ntchito yothirira ndi kuzula udzu, panja, pamphepo yabwino. Ndinapita kwa bwana wamkulu, chipewa chili m'manja. Anati munthu sachoka m'fakitale popanda pepala la dokotala, chifukwa aliyense chifuwa chimamugwira akaona ntchito. Dokotala wachizungu amabwera kuno kamodzi pa miyezi itatu. Tsiku lake linali la 9 Julayi. Ndinalemba dzina la amayi pa mndandanda wa odwala.

Nzeru yanga inali yapafupi, Achemwali. Mu Julayi chiperoni chimakhala chafika pachimake, ndipo kuchokera kunyumba kwa amayi kufika kuno n'chitunda chokhachokha. Ndinangofuna kuti akwere chitundacho opanda m'bulu, dokotala aike chomvera chake pamsana pawo, amve yekha amphaka aja. Zikanatha pomwepo. Ndinawafotokozera katatu, m'Chinyanja ndi m'Chilomwe momwe.

"Amayi, Lachinayi musamwe kanthu. Mubwere mmene mulili."

"Ndikaonekere kwa mzungu ndikufwenthera ngati mbuzi ya chitopa?"

"Chitopa n'cha nkhuku, amayi."

"Ndiye ukandiphunzitse pamaso pa anthu, mphunzitsi. A Fackson mzunguyo anawamvera chifuwa chaka chatha. Ali kuti lero?"

A Fackson mukuwakumbukira, aja ankaweta nkhunda kumunsi kwa manda. Dokotala anawapeza ndi chifuwa chachikulu, anawalembera pepala, ndipo usanathe mwezi nyumba yawo inagwetsedwa, iwo n'kupita kukapempha malo kwa Changata. Mukudziwa mmene thangata alili: dothi ndi la esiteti, ndipo nyumba imaima malinga ngati mwini wake akutha kugwira ntchito. Ndinati mphumu si chifuwa chachikulu, siipatsirana, ndipo pepala lawo lidzakhala lowasamutsira kunazale basi.

"Pepala ndi pepala," anatero. "Iwe umawerenga mawu ake, ine ndimaona zimene limachita. Kwa Apwitikizi anandithamangitsa ndili ndi Teleza kumsana. Abambo ako agona m'manda apo. Sindithamangitsidwanso."

Pamapeto pake anavomera, kapena ndinene kuti anasiya kuyankha. Ine ndinayesa kuti ndapambana. Kusukulu anatiphunzitsa zambiri, koma sanatiphunzitse kuti munthu wamkulu akasiya kuyankha ndiye kuti wamaliza kuganiza.

Lachinayilo kunacha ndi nkhungu yoti sungaone mtengo wa pakhomo. Odwala anafola pakhonde. Bwana wamkulu anakhala pampando pambali pa dokotala, ndipo kapitawo wa kufakitale, a Malizani, anaima kumbuyo ndi ndodo yawo. Ine ndinali womasulira. Ndinkasuzumira kunjira, ndikuyembekeza kuona amayi akukwawa, akupumira pa mtengo uliwonse.

Anatulukira m'nkhungumo akuyenda ngati namwali wopita kutchalitchi. Anali atasamba, atadzola nsatsi, atavala chilundu cha pa Khirisimasi ndi duku lanu lofiira lija. Mukudziwa kuti kwathu munthu saonekera kwa wamkulu ali wosasamba, ndipo matenda amawasiya kuseri kwa chitseko monga amasiyira khasu. Ndinayang'ana pa ngodya ya nsalu yawo, pamene amamangirira fodya wawo wa m'mphuno. Panali makwinya a mfundo yongomasulidwa kumene. M'bulu wina umene ndinawapatsa Lamulungu, iwo sanamwe. Anapirira kubanika masiku anayi kuti ausungire tsiku limeneli.

Anagwada, anawomba m'manja. Dokotala anaika chomvera chake pamsana, kumanja, kumanzere, pansi, pamwamba. Anawauza kuti apume kwambiri, ndipo amayi anapuma ngati mvukuto wa wosula makasu. M'chifuwamo munali zii.

"Walemba dzina la mayiyu ndani?" anafunsa dokotala.

"Ndine, bwana. Ndi amayi anga."

Bwana wamkulu anaseka. Anati kalaliki aliyense amafuna mayi wake akhale pamthunzi.

Koma dokotalayo si chitsiru. Anagwira dzanja la amayi, anayang'ana wotchi yake, anakwinya nkhope. Anatambasula zala zawo n'kuona mmene zinkanjenjemerera. Kenaka anatembenukira kwa ine, osati kwa iwo.

"Mtima ukuthamanga, manja akunjenjemera. Kodi wamwa mankhwala ena alionse mmawa uno?"

Achemwali, khomo linali lotsegula. Ndikanangoti inde, efedrini, dokotala akanamvetsa zonse nthawi yomweyo. Akanawaitananso madzulo mankhwala atatha mphamvu, akanamva chimene ndinkafuna kuti amve. Koma funso lachiwiri likanakhala lakuti efedriniyo waitenga kuti, ndipo kabati inali pomwepo, kumbuyo kwa mutu wa bwana wamkulu, kiyi ali pa lamba wanga. Wakuba mankhwala a azungu sangochotsedwa ntchito. Amapita kuboma atamangidwa chingwe m'chiuno. Ndinaganiza za mkazi wanga Betty amene ali ndi pakati, ndinaganiza za nyumba ya njerwa imene tikukhalamo, ndinaganizanso za nsapato zanga. Ndikuchita manyazi kulemba, koma nsapato ndinaziganiza.

Ndinati, "Iyayi, bwana. Akungoopa azungu."

Yankho limenelo analilandira mosavuta. Ndi yankho limene amalikonda. Dokotala anawasisita amayi paphewa, nalemba mawu awiri pa pepala lake, naitana wotsatira.

Bwana wamkulu anauza a Malizani kuti popeza mayiyu ali ndi chifuwa cholimba chotere, amuike pafupi ndi sefa yaikulu, pamene mayi wina anali atangosiyapo chifukwa chodwala. Pamenepo ndi pamene fumbi limayambira ulendo wake. A Malizani podutsa anandinong'oneza kuti, "Adokotala, mwachiza amayi anu ndi dzina lokha pa mndandanda. Mundilembeko nane, msanawu wandivuta."

Madzulo dzuwa lisanalowe ndinatsikira kunyumba. Ndinawapeza atatsamira nkhokwe, mapewa akukwera ndi kutsika, amphaka aja atabwerera onse. Ndinapita ndi mawu ambiri okalipa, ndinali nditawakonza bwino panjira. Anandiyamba ndi iwo.

"Wayankha bwino, mwanawe."

"Amayi, mwawononga zonse."

"Nyumba ilipo. Ntchito yako ilipo. Chawonongeka n'chiyani?"

"Chifuwa chanu."

"Chimenecho n'changa," anatero. "Ndinaona mmene unagwirira kiyi uja. Ukanatsegula pakamwa ndikanakukana pamaso pa mzungu kuti sindikudziwa chimene ukunena."

Mwina ananena zoona. Mwina anangofuna kundipeputsira katundu, monga ankachitira tili ana, akamati akhuta kale pamene sanadye. Chimene ndikudziwa n'chakuti pamene ndinkanama sindinkadziwa kuti adzandikana. Ndinanama ndekha, chifukwa cha ine ndekha. Akanandikalipira bwenzi ndikugona tulo. Anandithokoza.

Tsopano papita masabata asanu ali pa sefa yaikulu. Mibulu inatha Lolemba lapitali. Botolo lili pa shelefu yake, lodzaza bwino ndi asipirini, ndipo ndimalipukuta Loweruka lililonse. Ndinafunsa ku chipatala cha ku Makwasa. Anandilandira bwino, nati mankhwalawo awathera ndipo akudikira katundu, koma ndibwere nawo amayi awaone. Amayi akuti sangajombe tsiku, chifukwa a Malizani amazungulira nyumba za ojomba n'kumayang'ana denga ngati munthu wofuna mitengo. Amanyamuka tambala akangolira kuti akafike belu lisanalire, pa ulendo umene inu munkauyenda n'kubwerako nyemba zisanapse. Usiku sagona chogona, amatsamira mtondo. Dokotala adzabweranso mu Okutobala. Ine ndaona zifuwa zambiri pa ntchito ino, ndipo Okutobala ali kutali.

Ndili ndi zopempha ziwiri. Choyamba, ndamva kuti ku Bulawayo kuli masitolo a mankhwala kumene munthu wakuda angagule efedrini ngati ali ndi kalata ya mzungu wake. Alamu anga ayesere. Dzinalo ndalilemba ndi zilembo zazikulu pa kapepala kali mkatimu. Musaganize kuti n'kuwachiza. N'kungowathandiza kuti apume fumbi lochuluka. Chachiwiri, bwerani. Musadikire mvula, musadikirenso kalata yachiwiri. Inu amakumverani. Mukanena kuti akakhale kwa amalume kwa Mphuka, mwina adzayankha, m'malo mosiya kuyankha.

Mufunsa kuti nanga bwanji osangomulembera dokotalayo zoona zake. Ndalemba. Kalatayo ndinailemba tsiku lomwe lija, m'Chingerezi chabwino, ndipo ili m'thumba la jekete limodzi ndi yanuyi. Wonyamula makalata adutsa pano mawa mmawa. Yanuyi ipita ndithu.

Mundiperekere moni kwa alamu anga a Goodson, ndi kwa ana, makamaka Joan amene sindinamuonebe. Betty akuti moni, ndipo akuti mwana akadzakhala wamkazi dzina mudzatchule ndinu. Nkhunda za a Fackson zinabwerera zokha kuchokera kwa Changata, zikutera pa bwinja la nyumba yawo, ndipo palibe amene ali ndi mtima wozigwira.

Dzulo ndinawauza amayi kuti ndikukulemberani, ndinafunsa ngati ali ndi mawu. Anati duku analandira, ndipo analivala pa tsiku lalikulu. Kenaka anati, "Umuuze kuti ndili bwino." Mawu anayiwo anawanena mopumira katatu, atagwira mzati wa khonde. Anandilumbiritsa kuti ndilemba momwemo, osawonjezera.

Amayi ali bwino.

Ndine mlongo wanu,
womasulira mawu,
Fabiano.